Ndithandizeni kumaliza nthano ya nkhalango yosokoneza nthawi

NaMbewe_Mufakose

Moni nonse abale anga a m'gulu muno, makamaka inu akuluakulu amene munamvako nthano muli pamoto kumudzi. Ndikufuna thandizo lanu.

Ku tchalitchi kwathu kuno ku Mufakose, mu mzinda wa Harare ku Zimbabwe, ndimasonkhanitsa ana Loweruka masana kuti ndiziwauza nthano m'Chichewa, poti ambiri a iwo amamva ndithu koma poyankha amayankha m'Chishona, ena olo moni weniweniyu amachita naye manyazi. Ndikati padangokhala iwo nkuvomera tilitonse, mtima wanga umakhala m'malo. Koma za Kalulu ndi Fisi, za Kamba, za mwana woumbidwa ndi dothi uja, zonse zomwe ndinkakumbuka zatha, nde ndinayamba kupeka yangayanga ndipo yandikanika pakati.

Nthanoyo ili motere. Kuseri kwa phiri kuli nkhalango ina anthu amaitcha Sakalamba. Chaka cha njala mnyamata wina dzina lake Kachingwe akutsatira nsadzu, kambalame kolondolera anthu ku njuchi kaja, poti mayi ake akudwala ndipo m'nkhokwe mulibe olo chitsononkho. Akulowa m'mawa mame asanaume. Mkatimo zinthu sizikuyenda mwa masiku onse ayi, msuku uwu uli ndi maluwa, winawo pafupi pomwepo masuku akupsa akuyoyoka, uku nyenje zikulira ngati mu Okutobala uku bowa wamera ngati mu Januwale, ndipo chithunzithunzi chake chomwe chikumatsalira m'mbuyo, iye wafika kale pa mtsinje icho chikadali pa chulu chikubwera pang'onopang'ono. Pamenepa ana anakuwa kwambiri, ena kumatembenuka kuyang'ana zithunzithunzi zawo. Akufula uchi, akudya, akugona usiku umodzi basi, kutacha akutuluka ndi chikho cha uchi nkupeza mudzi wasintha, mayi ake anamwalira kalekale, mlongo wake wamng'ono amene anamusiya akuyamwa chala pano ndi gogo wa imvi.

Apa nde ndinaima. Kamtsikana kena kanandifunsa kuti gogo, nanga iyeyu analakwa chani kuti zimuchitikire zoterezi, si amafunira mayi ake uchi? Funso limenelo landigoneka mochedwa chifukwa mwanayo akunena zoona, nthano yopweteka munthu wosalakwa ana saiiwala komanso saikhululukira. China, sindikudziwa kuti akatuluka achite naye chani, akalambe nthawi yomweyo nkugwa pakhomo, kapena akhale mnyamatabe pakati pa anthu osamudziwa, kapena abwerere kunkhalango komweko. Komanso ana amasiku ano amafunsa kuti zimatheka bwanji, ndikangoti ndi matsenga amandiyang'ana kuti ndiwonjezere. Amene muli ndi nzeru ndithandizeni, Loweruka likubwerali ndinawalonjeza kuti timaliza.

aPhiri_aku_Mbare

Achemwali, ndawerenga ndili m'kombi ndipo ndalephera kudikira kuti ndikafike kunyumba. Kachingwe wanuyo ine ndikumudziwa, anali bambo anga, ndipo theka la madala amene tinkawaona atakhala pa benchi kuno ku Mbare, ku Highfield, ku mapulazi a fodya ndi ku migodi anali iyeyo.

Bambo anachoka ku Dedza nthawi ya chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland, paja chinayamba 1953 nkutha 1963, ali mnyamata wosakwatira. Anzawo ena ankalembedwa ndi Wenela kupita ku migodi ya ku Joni, iwo anasankha kuno, anatsikira ku Tete nkuwoloka Zambezi, kwina pansi kwina pa malole a ulere amene ankanyamula ofuna ntchito. Mayi awo anawauza kuti ndikakhala zaka ziwiri basi, ndikagule njinga ndi bulangete lanu ndibwere mvula isanagwe kachitatu. Njinga anagula, bulangete anagula, linakhala mu thiranki pansi pa bedi likadali mu pepala lake la ku sitolo mpaka ife tinabadwa, tinakula, tinakwatira. Chaka chilichonse ankati Khirisimasi ikubwerayi tikupita kwathu, ndipo sankanama ayi, ankakhulupirira ndi mtima wonse. Mudzi ukakhala m'kamwa mwawo unali womwewo anausiya, amati mkuyu wa pabwalo, amati mlongo wanga kamtsikana kokonda kulira, chonsecho kamtsikanako kanali ndi zidzukulu. Atapita pomaliza tsitsi lili mbuu anapeza ndalama ndi kwacha ndi tambala kuyambira 1971, likulu linachoka ku Zomba kupita ku Lilongwe mu 1975, mayi awo manda anafafanizika, ndipo pamudzi anali atawalira kale maliro iwowo nkumeta, poti makalata anasiya kufika. Anthu otere kwathu amati machona, ndipo dzinalo linkawapweteka kuposa china chilichonse.

Nde maganizo anga ndi awa, musamugoneke usiku umodzi mnyamatayo. Zogona nkudzuka zaka zapita zimamuchotsa iye m'nkhani, zimangomugwera ngati mphenzi, nchifukwa chake mwana uja wakufunsani kuti analakwa chani. Muloleni akhale maso. Afule uchi m'mawa, chikho chidzadze, nsadzu ilirenso patsogolo pang'ono, iye aganize kuti chikho chimodzi chithandiza chani pa njala ngati iyi, bola ndidzadzitse ziwiri. Akadzadzitsa ziwiri aone mtengo wina wa njuchi zambiri, ati ndikafika ndi zitatu amalume andiyesa mwamuna. Dzuwa m'nkhalangomo lisamalowe, lizingokhala pa nthawi ija ya chakum'mawa pamene munthu umati tsiku likadalipo, nde palibe chomuuza kuti nyamuka. Nkhalangoyo isamumange, isamuopseze, izingomupatsa. Sanachite choipa chilichonse koma nthawi iliyonse yomwe anati pang'ono pokha, kunja kunkapita chaka. Ana amva zimenezo ndithu, chifukwa ambiri a iwo ali ndi malume kapena mayi ku Johannesburg kapena ku London amene anati ndikubwera Disembala.

Ndipo chonde musamugwetse pakhomo kuti afe. Bambo anga sanafe atafika, anakhala pa mkeka nkumadya nsima ndi anthu owatcha alendo, ndipo zimenezo nzolemera kuposa imfa ya mu nthano.

Mphunzitsi_Banda_Chitungwiza

Zikomo amayi pa ntchito mukugwirayi, ndipo aPhiri mwandikhudza. Ine ndiyankhe mbali ya ana ofunsa kuti zimatheka bwanji, poti ndimaphunzitsa sayansi ku sekondale ndipo funso limeneli ndimalikonda.

Choyamba muwauze molimba mtima kuti nthawi siyenda mofanana paliponse, izi si nthano. Albert Einstein analemba mu 1905 kuti wotchi yomwe ikuthamanga kwambiri imatsalira poyerekeza ndi yomwe yangokhala, ndipo mu 1915 anawonjezera kuti pomwe mphamvu yokokera pansi ili yaikulu nthawi imayendanso pang'onopang'ono. Umboni uli mu foni mwanumo. Masetilaiti a GPS ali pamtunda wa makilomita pafupifupi 20,000, ndipo mawotchi ake amatsogola ndi ma microsecond pafupifupi 38 tsiku lililonse kuyerekeza ndi athu pansi pano, kanthu kakang'ono zedi koti munthu sungakamve, koma akapanda kukonza ndiye kuti mapu a mu foni azisokonekera ndi makilomita angapo pa tsiku. Nde mwana akafunsa mungamuuze kuti pakati pa Sakalamba pali chinthu cholemera kwambiri, kaya ndi mwala kaya ndi dziwe lakuya, ndipo ukamayandikira nthawi yako imachedwa. Izi zikugwirizana bwino ndi za aPhiri, m'mphepete mwa nkhalango ola limodzi likhale tsiku, pa mtsinje likhale mwezi, pa mtengo waukulu wa njuchi likhale chaka, mwakuti chikho choyamba sichinamudyere zambiri, chachitatu ndi chomwe chinamutengera mayi ake. Ana amakonda nthano yokhala ndi lamulo loti atha kuwerengera okha, mudzaona akuwerenga ndi zala.

Chachiwiri ndi chakuti mutu wa munthu pawokha sudziwa kusunga nthawi ukachotsa dzuwa. Mu 1962 Mfalansa wina wofufuza mapanga, Michel Siffre, anakakhala yekha pansi pa phanga m'mapiri a Alps miyezi iwiri opanda wotchi, akungodya ndi kugona thupi likafuna. Atamuuza kuti nthawi yakwana pa 14 Seputembala iye ankaganiza kuti ndi pa 20 Ogasiti. Panalibe matsenga, anangosowa chomukumbutsa. Nde lingaliro loti dzuwa lisamasunthe ndi labwino kwabasi, muwonjezere kuti mulibe tambala wolira, mwezi sutuluka, ndevu sizimera ndipo njala simva chifukwa akunyambita uchi.

Ngati mungathe, kumapeto kwa Ogasiti kapena kumayambiriro kwa Seputembala mudzawatengere anawo ku Mukuvisi Woodlands, si patali ndi tauni. Nthawi imeneyo mitengo ya msasa imaphuka masamba ofiira ndi ofiirira mvula isanagwe olo dontho, udzu uli wouma pansi koma m'mwamba muli mphukira, ndipo mtengo wina umakhala wafiira kale mnzake akadali mbee. Akaona zimenezo ndi maso awo nkhalango ya nyengo zosakanikirana ija aikhulupirira mosavuta.

NaChisale_wakuMulanje

Aphunzitsi zanuzo nzabwino ndipo ndaphunzirapo, koma ine ndikana pang'ono. Nkhalango ya mu nthano yathu singakhale ndi mwala wolemera basi, imafunika eni ake. Ine ndinakulira m'munsi mwa phiri la Mulanje ndisanabwere kuno ku Budiriro, ndipo kwathu palibe amene amalowa m'thengo la kuphiri ngati akulowa m'munda mwake. Nsonga ija ya Sapitwa, yotalika mamita 3,002, akuluakulu ankatiuza kuti ndi mudzi wa mizimu. Ankati ukasochera utha kupeza nsima yotentha ndi ndiwo zili pamwala, kapena nthochi zakupsa, udye wekha mwakachetechete, usaitane mnzako, usatenge zotsala kupita nazo kunyumba. Ukaona chodabwitsa usaloze ndi chala, usafunse kuti ichi nchani. Ndipo anthu amasowadi kumeneko, mu 2003 mtsikana wa ku Netherlands anakwera yekha osabwerera, mu 2009 mnyamata wa ku Brazil anapezeka atamwalira. Ena amati ndi chifunga ndi kuzizira, poti chiperoni chikabwera suona olo dzanja lako, ena amati ndi eni phiri, ine zonse ziwiri ndimazilemekeza. Nditafika kuno ndinadabwa kumva anzathu achishona akunena zofanana za phiri la Nyangani ku Nyanga, la mamita 2,592, kuti usaloze, usatukwane, ndipo nakonso anthu anasowako osapezeka.

Nde mu nthano yanu achemwali muike gogo wina pakhomo pa nkhalango, kaya akuotha moto kaya akusenda chinangwa, amuuze Kachingwe lamulo limodzi lokha losavuta, loti ukafula uchi usiyireko nsadzu chisa chake ndipo ikalira kachiwiri usaitsatire. Paja alenje amati nsadzu ukaimana imadzakulondolera kwa njoka kapena chilombo. Iye chisa asiye ndithu, poti ndi mwana waulemu, koma kulira kwachiwiriko kumugonjetse. Potero mwana uja akafunsanso kuti analakwa chani muli ndi yankho, anauzidwa, anamva, koma chifundo cha pa mayi ake ndi kufuna kufika ndi zambiri zinamukoka.

Koma chomwe chandinyamula kuti ndilembe ndi ichi. Nonse mukuyang'ana mnyamata ali m'nkhalango, nanga otsala? Zaka zimenezo sizinadumphe ayi, alipo anazikhala tsiku ndi tsiku. Agogo anga aakazi anali m'modzi wa akazi odikira, amuna awo anabwera kuno kudzagwira ntchito ali ndi mimba ya mayi anga, ndipo ankatiuza kuti ankawerenga zaka ndi makasu. Khasu latsopano limakhala lotambalala, ukalimira nyengo zingapo limatha nkutsala kakang'ono kozungulira kongopalira m'dimba, nde iwo otherawo sankataya, ankawasomeka kudenga la khitchini. Ndili mwana ndinawaona ali mndandanda akuda bii ndi mwaye. Muike zimenezo mu nthano. Nthawi iliyonse Kachingwe akati pang'ono pokha, inu mubwerere kumudzi ndi ana, muwaonetse mlongo wake akusomeka khasu lina kudenga, akutha msinkhu popanda mlongo wake womuimira, akukwatiwa, mayi akumwalira akuyang'ana kunjira, ana ake akubadwa opanda malume. Kwa ife a mbumba zimenezi si zazing'ono, mwamuna akasowa si mkazi wake yekha amene wataya, alongo ake ataya nkhoswe, ana awo ataya wowaweruzira milandu. Ana a kuno mwina sadziwa kulemera kwa malume, nthano imeneyi iwaphunzitse.

Ndipo pofika paja asamuzindikire ndi nkhope, poti ndani angakhulupirire kuti kamnyamata aka ndi mkulu wake wa gogo uyu. Amuzindikire ndi nyimbo yomwe ankamuimbira pomutonthoza ali khanda. Nthano yopanda nyimbo ana amagona.

Tadala_Epworth

Pepani akuluakulu Chichewa changa ncholembera movutika, ndinabadwira konkuno ndipo ku Malawi ndimangomva. Ndawerenga zonse ndipo ndili ndi pempho limodzi kwa agogo NaMbewe. Ngati nkhalangoyo ndi kuno monga akunenera aPhiri, nde ife ndife ana obadwira m'nkhalangomo. Musaipange kukhala malo oipa okhaokha chonde. Sekuru anga, agogo aamuna, anachona inde, koma kunoko anamanga nyumba, analera ana, anali mu sosaiti ya maliro yoika anzawo achimalawi mwaulemu, gule ankavina pa mapulazi ndipo ife tinakula tikumva ng'oma zake. Mayi anga anakhala zaka zambiri ndi chitupa cholembedwa kuti alien, kutanthauza mlendo, chonsecho anabadwira kuno, lamulo la unzika litasintha mu 2001 anavutika zedi, mpaka malamulo atsopano a 2013 ndi amene anati wobadwira kuno kwa kholo la m'dziko la SADC ndi nzika. Nde mwana wa ku Mufakose akamva kuti m'nkhalango muli kutayika kokhakokha adzifunsa kuti nanga ine ndine chani. Kodi Kachingwe sangapeze anthu mkatimo, ena amene analowa kale iye asanabadwe, ali ndi mudzi wawo ndi ana awo?

aPhiri_aku_Mbare

Mwana wanga Tadala wanena zoona ndipo Chichewa chako chili bwino, usachite manyazi. Inenso ndine wobadwira momwemo. Achemwali muikemo mudziwo.

NaMbewe_Mufakose

Abale anga ine misozi ili m'maso, sindinayembekezere kuti kanthano ka ana kangafukule zonsezi. Bambo anganso anali a ku Ntcheu ndipo anagona ku manda a Warren Hills konkuno osaonanso kwawo, koma polemba za Kachingwe sindinawaganizire olo pang'ono, ndimangoti ndikupeka.

Ndakhala pansi usiku uno ndi kope langa ndipo pano yayamba kuoneka. Pakhomo pa nkhalango pakhala gogo wosenda chinangwa uja ndi lamulo lake la nsadzu. Dzuwa silisuntha. Chithunzithunzi chotsalira chija ndachipezera ntchito, chizitsalira kwambiri akamalowa mkati, ndipo icho chizikalamba m'malo mwake, iye akatembenuka aziona chikubwera patali chitawerama ndi ndodo koma asamadziwe kuti nchake, aziyesa ndi nkhalamba ina ikumutsatira kudzapempha uchi, nde azifulumira kupita mkati kuithawa. Za aphunzitsi zowerengera ndazitenga, ndijambula pansi ndi kamtengo mizere itatu yozungulira, ana aziima pa mzere nkumawerenga okha kuti kunja kwapita zingati. Za makasu ndazitenga zonse mmene zilili achemwali NaChisale, ndipo ndili ndi kakhasu kakutha kuseri kwa nyumba komwe ndimapalira muriwo, ndiwo zamasamba zija, ndipita nako kuti akagwire ndi manja.

Pakati penipeni apeza mudzi monga wapempha Tadala. Anthu ake ndi okoma mtima, amulandira ndi madzi, aliyense akumufunsa za kwawo koma mafunso ake ngakale, wina akufunsa ngati mfumu yakuti ikadali pampando chonsecho Kachingwe amangoimva m'mbiri, wina akuti ndangobwera dzulo kudzatema nsichi, mkazi wanga wateleka madzi akundidikira. Aliyense ali ndi mtolo wake womangamanga pakhomo. Koma muli ana obadwira momwemo, iwowa alibe mtolo, amadziwa mtengo uliwonse ndi dzina lake, amadziwa poti ukaima mvula imagwa ndi poti ukaima kuli chilimwe, ndipo nthawi ya m'menemo siwasokoneza poti ndi yawo. Kamtsikana kamodzi ka anawa ndi komwe kamufunse kuti nkhalamba ikukutsatirayo bwanji ili ndi chipsera pa mwendo chofanana ndi chako, apo ndi pomwe azindikire, ndipo ndi komweko kamulondolere njira yotulukira poti akuluakulu onse anaiwala.

Nyimbo ndapeka kakafupi koti ana azivomera, mlongo wake aziyimba posomeka khasu:

Achimwene bwerani, dzuwa lapita
Uchi ukhale, dzuwa lapita
Amayi akufunsa, dzuwa lapita
Ndiwauze chani, dzuwa lapita

Ine ndizitsogolera iwo azivomera dzuwa lapita. Mawu ake oyamba akhale omwe iye ankamuimbira ali khanda kuti tonthola amayi akubwera, mlongoyo nkuwatembenuza atakula.

Chomwe chikundivutabe ndi mathero enieni. Wafika, wayimba, gogo uja wamuzindikira wagwetsa lichero. Kenako? Mtima wina ukuti akumane ndi chithunzithunzi chake pakhomo pa nkhalango nkukhala nkhalamba, kuti iye ndi mlongo wake akhale a msinkhu umodzi azikamba zakale pakhonde. Mtima wina ukuti akhale mnyamatabe, agwire khasu alimire mlongo wake ndi zidzukulu zaka zonse zomwe sanalime. Ndiuzeni.

NaChisale_wakuMulanje

Akhale mnyamata alime. Mlongo wake wavutika yekha zaka zonsezo nde mumubweretserenso nkhalamba yoti aziiphikira phala? Ayi achemwali. Abwere ndi mphamvu zake, afolere nyumba, akonze manda a mayi ake, akhale malume wa ana aja ngakhale ena akumuposa msinkhu. Ndipo uchi uja usatayike, zidzukulu zidye.

aPhiri_aku_Mbare

Apa nde tasiyana achemwali NaChisale. Ndikumva chifukwa chanu ndipo nchabwino, koma ana tisawauze kuti zaka zimabwezedwa, poti sizibwezedwa. Bambo anga anafika ndi bulangete koma wolifunda panalibe, ndipo mphamvu zolimira mlongo wawo analibenso. Mwana akamva kuti utha kuchedwa zaka makumi anayi nkubwera uli wamphamvu kudzakonza zonse, tamunamiza, ndipo tsiku lina ali kunja adzati pang'ono pokha. Ine ndikuti chithunzithunzi chimupeze, akalambe, koma asafe, akhale pakhonde ndi mlongo wake ndipo ntchito yake ikhale yokhala pakhomo pa nkhalango paja kuchenjeza ena, mwina gogo wosenda chinangwa uja nayenso anali wotero. Kamtsikana kom'tulutsa kaja ndi komwe kangabwere ndi mphamvu, kazipita uku ndi uku, kumudzi nkwawo m'nkhalango nkwawonso, kazinyamula mauthenga a anthu a mitolo aja kupita kwa abale awo.

Mphunzitsi_Banda_Chitungwiza

Amayi bwanji osawafunsa anawo? Mukafika pogwetsa lichero paja muime, muwauze njira ziwirizo, agawikane atsutsane okha, koma lamulo likhale loti aliyense wolankhula alankhule m'Chichewa olo chothyokathyoka. Mudzamva zomwe zili m'mitima mwawo za abale awo ali kunja, ndipo adzalankhula Chichewa chambiri tsiku limenelo kuposa masiku onse. Ine ndili mbali ya aPhiri koma ndikudziwa kuti atsikana ambiri adzaima ndi amayi NaChisale.

Tadala_Epworth

Zikomo agogo poika mudzi uja ndi kamtsikanako. Pempho lina, Loweruka mukamanena nthanoyo wina ajambule mawu pa foni mutiponyere pa WhatsApp, ndi nyimbo yomwe ana akuvomera, poti ambiri a ife kuwerenga Chichewa chachitali kumativuta koma kumva timamva, ndipo ndikufuna mayi anga ndi ana a achemwali anga amvere limodzi. Ngati mundilola ndibwera ndekha kudzajambula, mungondiuza nthawi yomwe mumayamba ndi pomwe ndingatsikire kombi.